Wometa, mpira ndi mfumu Justinian: mmene malamulo a Aroma anayendera mpaka kufika ku Johannesburg

Anyamata akusewera mpira, wina waumenya mwamphamvu zedi, mpira uja wakagunda dzanja la wometa amene wakhazika mpando wake chapafupi pompo, ndipo nthawi imeneyo akumeta ndevu kapolo wa munthu wina lumo lili pakhosi. Lumo lalowa, kapolo wafa. Nde alipire ndani pamenepa, womenya mpira kapena wometa, kapena tingoti ndi ngozi basi?

Funsoli si langa ayi. Analilemba ndi katswiri wa malamulo wa ku Roma dzina lake Ulpian zaka pafupifupi 1,800 zapitazo, nayenso ankangobwereza zimene akatswiri akale kuposa iye, Mela ndi Proculus, anali atakambirana kale. Proculus anati wolakwa ndi wometayo, Ulpian nkuvomereza kuti inde ngati munthu waika mpando poti anthu amasewerapo masiku onse kapena podutsa anthu ambiri mlandu ndi wake, koma anaonjezeranso kuti sakulakwa amene anganene kuti munthu wopereka khosi lake kwa wometa wokhala pamalo oopsa chonchi adzidandaulire yekha. Ndipo dziwani kuti uwu sunali mlandu wakupha munthu, unali mlandu woononga katundu, wofuna chipepeso anali mbuye wa kapoloyo, poti lamulo lomwe ankagwiritsa ntchito, lotchedwa lex Aquilia, linaika kapolo ndi ng'ombe pa mndandanda umodzi.

Kankhani kameneka tikukadziwa lero chifukwa cha mfumu Justinian, imene inalamulira kuyambira 527 mpaka 565 ili ku Constantinople, mzinda umene pano ndi Istanbul, ndipo inalamula kuti malamulo a Aroma a zaka pafupifupi 1,000 asonkhanitsidwe pamodzi. Iyo inkafuna kuti mikangano ya akatswiri ithe, funso lililonse likhale ndi yankho limodzi. Zinachitika ndi zina, mabuku akewo ndi amene anasunga mikanganoyo kuti isafe, ndipo anthu akhala akukangana pa iwo mpaka lero, makhoti a ku South Africa akuwatchulabe.

Koma tiyambe kumbuyo kwenikweni. Roma ali katauni chabe malamulo sanali olembedwa, ankawasunga pamtima ndi ansembe, ansembewo ankachokera m'mabanja apamwamba okhaokha, nde iwe munthu wamba ukapita pa mlandu sunkadziwa kuti lamulo likuti chani, ngakhale masiku ololedwa kukasuma ankawadziwa ndi iwo omwewo. Anthu wamba anavuta mpaka mu 451 Yesu asanabadwe panasankhidwa amuna 10 oti alembe malamulo, analemba magome 10, chaka chotsatira nkuonjezera awiri kukhala 12, nkuwaika pabwalo lalikulu la mzinda kuti aliyense aone.

Musaganize kuti anali malamulo achifundo. Ngongole ikatsimikizika pa mlandu wangongole ankapatsidwa masiku 30, akalephera mwini ndalama ankamugwira nkukamumanga unyolo masiku 60, kumutulutsa pa msika katatu kuti mwina wina amuombola, zikakanika ankatha kumugulitsa kutsidya kwa mtsinje wa Tiber kapena kumupha kumene. Wakuba wogwidwa usiku ukamupha panalibe mlandu. Wina akakupundula chiwalo ndipo simunamvane za malipiro, nawe unkamupundula. Munalinso lamulo loletsa ukwati pakati pa wamba ndi apamwamba, ngakhale ilo silinakhalitse linachotsedwa mu 445 Yesu asanabadwe. Komanso munali tinthu ta tsiku ndi tsiku, zoti zipatso za mtengo wako zikagwera kwa neba uli ndi ufulu wokatola, zoti maliro asaikidwe mkati mwa mzinda, zoti chiweto chako chikaononga ulipire kapena upereke chiwetocho. Phindu lake linali loti malamulo tsopano ali poyera, wamkulu sakanathanso kungopeka lamulo mmawa wa tsiku la mlandu. Cicero, wandale ndi mlembi wotchuka wa ku Roma amene anakhalako patapita zaka 400, ananena kuti ali mwana ankawaloweza pamtima. Magome enieniwo anatayika, tatsala ndi zidutswa zimene olemba ena anatchula m'mabuku awo.

Mzinda utakula mpaka kulamulira maiko onse ozungulira nyanja ya Mediterranean magome 12 sakanakwana, ndipo apa mpamene Aroma anachita chinthu chimene ine ndimaona kuti ndiye mtima wa nkhani yonseyi. Sanakhale nkumalemba lamulo latsopano pa vuto lililonse. Panali mkulu wina wotchedwa praetor, wosankhidwa kwa chaka chimodzi, amene polowa mu ofesi ankalengeza kuti milandu yakutiyakuti ine ndiilola kuti imvedwe, wobwera pambuyo pake nkutenga chilengezo chomwecho kuonjezera pang'ono kuchotsa pang'ono, chaka ndi chaka, mpaka nthawi ya mfumu Hadrian cha m'ma 130 pamene katswiri wina Salvius Julianus anachikonza kuti chikhazikike. Praetor uja anali wandale osati loya, jaji womva mlandu nayenso sanali loya, ankangokhala nzika yolemekezeka imene yasankhidwa pa mlandu umodziwo. Nde onsewa ankadalira kagulu ka anthu amene ntchito yawo inali kuganiza za malamulo, munthu nkubwera ndi vuto lake iwo nkupereka maganizo, kenako kulemba mabuku, kutsutsana, uyu kutsutsa zimene ananena mphunzitsi wa mnzake, kwa zaka mazanamazana.

Ndipo sankayambira pa mfundo zikuluzikulu zam'mwamba, ankayambira pansi. Munthu akudulira mtengo, nthambi yagwera wodutsa. Ngati mtengowo uli m'mbali mwa msewu ndipo sanakuwe kuchenjeza, walakwa, koma ngati pamalopo panalibe njira iliyonse sangauzidwe kuti akanalota kuti wina adutsa. Wosoka nsapato wamenya mnyamata wophunzira ntchito ndi chimtengo choumbirapo nsapato mpaka diso kuonongeka, ati ndimamuphunzitsa, iwo nkuti mphunzitsi amaloledwa chilango chochepa chabe, ndipo Ulpian anati sakukayika kuti ameneyo alipire. Ukaika milandu yotereyi pamodzi pamatuluka ganizo loti munthu amalakwa akalephera kuoneratu chimene munthu wosamala akanaoneratu, ganizo limene jaji wa lero amagwiritsa ntchito pa ngozi ya minibasi.

Amene mumawerenga Machitidwe a Atumwi munakumana nalo kale dziko limeneli. Paulo atamangidwa kuti akwapulidwe anafunsa ngati nkololedwa kukwapula nzika ya Roma mlandu usanaweruzidwe, asilikali nkuchita mantha, ndipo Festo anauza akuluakulu a Ayuda kuti si mwambo wa Aroma kupereka munthu asanaonane maso ndi maso ndi omuneneza nkudziyankhira. Nthawi imeneyo unzika unali wa anthu ochepa, mpaka mu 212 pamene mfumu Caracalla inaupereka kwa pafupifupi mfulu zonse za mu ufumuwo. Caracalla yemweyo ndi amene anaphetsa Papinian, amene ambiri ankamutenga ngati katswiri woposa onse, akuti chifukwa anakana kuikira kumbuyo mfumuyo itapha mbale wake Geta. Ulpian naye anaphedwa ndi asilikali olondera nyumba yachifumu. Ntchito yake sinali yabata.

Itadutsa mibadwo imeneyi akatswiri amtundu uwu anatha, ufumu unalowa m'nkhondo, mabuku okha ndi amene anatsala, ambirimbiri, okopedwa pamanja, ena olakwika ena achinyengo, ndipo loya wochenjera ankatha kupeza katswiri wakale womuvomereza pa chilichonse. Mu 426 boma linaika lamulo limene likuonetsa mmene zinthu zinaipira, linati pa mlandu muziona akatswiri asanu, Gaius, Papinian, Paulus, Ulpian ndi Modestinus, muziwerenga kuti angati ali mbali iyi angati mbali inayo, ochuluka apambane, akafanana mbali ya Papinian ipambane. Kuvotetsa anthu akufa m'malo moganiza. Mu 438 mfumu Theodosius II inasonkhanitsa malamulo a mafumu kuyambira nthawi ya Constantine m'mabuku 16, zinathandiza ndithu koma mulu wa zolemba za akatswiri sunakhudzidwe, ndipo mu 476, ufumu uli wogawika kale pawiri, mbali yakumadzulo inagweratu.

Justinian anabadwira kumudzi m'dera la Balkans, kumene ankayankhula Chilatini, anakwera chifukwa cha malume ake Justin amene anali msilikali nkudzakhala mfumu. Munthuyu ankafuna kubwezeretsa Roma yense, ndi nkhondo komanso ndi malamulo. Mu February 528 anaika komiti yosonkhanitsa malamulo a mafumu, mu April 529 buku lotchedwa Codex linatuluka. Kenako mu December 530 anapatsa nduna yake Tribonian ntchito imene ambiri ankati singatheke, kuti awerenge zolemba zonse za akatswiri akale, asankhe zofunika, achotse zobwerezabwereza ndi zotsutsana. Tribonian anatenga anthu ena 16, maprofesa a ku Constantinople ndi ku Beirut kumene kunali sukulu yotchuka ya malamulo, ndi maloya a m'makhoti. Justinian mwini wake analemba kuti anawerenga mabuku pafupifupi 2,000 a mizere 3 miliyoni nkuwafinya kukhala mizere 150,000, ndipo ntchito imene ankaganiza kuti singathe ngakhale pa zaka 10 inatha pa zaka zitatu. Pa 16 December 533 linatuluka buku lotchedwa Digest, la magawo 50, lokhala ndi zidutswa zoposa 9,000, ndipo zoposa gawo limodzi mwa atatu ndi za Ulpian yekha. Wometa uja ali m'gawo la 9.

Anathamanga bwanji chonchi? Yankho linadzapezeka mu 1820 pamene wophunzira wina wa ku Germany, Friedrich Bluhme, anaona kuti pamutu uliwonse zidutswa zimabwera motsatana mwa dongosolo lomwelomwelo, kusonyeza kuti anagawana mabukuwo m'timakomiti titatu, aliyense kuwerenga mulu wake, kenako kudzalumikiza. Ndipo ntchitoyi inkachitika mzinda ukuyaka. Mu January 532 magulu awiri ochemerera mpikisano wa magaleta a akavalo, a Blue ndi a Green, amene ankadana ngati masapota a matimu awiri a mumzinda umodzi, anagwirizana nkuukira mfumu, kuotcha nyumba zambiri ndi tchalitchi chachikulu, ndipo mwa anthu amene ankafuna achotsedwe munali Tribonian. Wolemba mbiri wa nthawiyo, Procopius, anati munthuyu anali wophunzira kwambiri koma wokonda ndalama, wotha kusintha lamulo kwa amene walipira. Justinian anamuchotsa kuti anthu aphwe mtima, asilikali nkupha anthu pafupifupi 30,000 m'bwalo la mpikisano, zitazizira Tribonian nkubwerera pa mpando. Munthu amene anasunga nzeru zonse zija ndi ameneyu, eti.

Chaka chomwecho cha 533 anatulutsanso kabuku ka ophunzira a chaka choyamba, Institutes, kotsanzira buku la Gaius, kogawa malamulo onse patatu, za anthu, za zinthu, ndi za kasumidwe ka milandu, ndipo kabuku ka sukuluko kanapatsidwa mphamvu ya lamulo. Mu 534 Codex inatulukanso yokonzedwa, kenako malamulo atsopano amene Justinian anapitiriza kulemba mpaka imfa yake, ambiri mwa iwo m'Chigiriki.

Apa pali chinthu chowawa. Komiti ija inapatsidwa mphamvu yosintha mawu, kudula, kuonjezera, koma dzina la katswiri wakale nkulisiya pamwamba ngati kuti ananena yekha, nde ukawerenga kuti Ulpian anati chakuti nthawi zina ndi Tribonian akuyankhula. Justinian analetsanso kutchula mabuku akale m'khoti, nkuletsa aliyense kulemba ndemanga pa Digest, wopezeka akutero aimbidwe mlandu wachinyengo. Buku loti sungaligwiritse ntchito m'khoti ndani angataye chikopa cholembapo ndi miyezi kulikopera? Mabuku akale aja anatha choncho, chimodzimodzi ntchito imene inapulumutsa gawo limodzi mwa 20 ndi imene inakwirira zotsalazo. Limodzi lokha ndi limene linapezeka pafupifupi lathunthu, la Gaius, mu 1816 mu laibulale ya tchalitchi ku Verona, pamene Barthold Niebuhr anaona kuti pansi pa zolemba za Jerome woyera pali zilembo zina zofufutidwa, winawake kalekale anapala chikopacho kuti alembepo za chipembedzo.

Ndipo kunena zoona ntchito yonseyi pa nthawi yake inakhala ngati yalephera. Digest inali m'Chilatini pamene anthu a ku Constantinople ankayankhula Chigiriki, inali yaikulu komanso yovuta, majaji ankangogwiritsa ntchito timabuku tachidule. Mliri unagwa mu 542, chivomerezi chinagumula Beirut ndi sukulu yake mu 551, Italy amene Justinian anamulanda ndi nkhondo ya zaka pafupifupi 20 anayamba kulandidwanso ndi anthu a mtundu wa Lombard mu 568. Kummawa malamulowa anapitirira m'Chigiriki, cha m'ma 900 anawakonzanso m'mabuku 60 otchedwa Basilica, koma kumadzulo Digest inangoti zii kwa zaka pafupifupi 500. Buku limodzi lokopedwa m'nthawi ya Justinian yomweyo ndi limene linapulumuka, linali ku Pisa, a ku Florence atagonjetsa Pisa mu 1406 analitenga ngati chofunkha, ndipo lilipobe ku Florence mpaka pano.

Kudzuka kwake kunachitika ku Italy. Mu 1076 pa mlandu wina wa malo ku Marturi munthu anatchula Digest, ndipo posakhalitsa ku Bologna mphunzitsi wina Irnerius anayamba kuiwerenga ndi ophunzira mzere ndi mzere. Nthawi yake inali itakwana, matauni ankakula, malonda ankakula, papa ndi mfumu ankalimbirana mphamvu, ndipo miyambo ya m'midzi sinkayankha mafunso a ngongole za amalonda a maiko awiri. Anyamata anakhamukira ku Bologna kuchokera ku Germany, France, Spain, England, ndipo yunivesite imene amati ndi yakale kuposa zonse ku Ulaya inabadwa choncho. Chosangalatsa nchoti kumeneko ophunzira ndi amene ankalamulira, ankalemba ntchito maprofesa, ndipo profesa akachedwa kuyamba kalasi kapena akadumpha ndime yovuta ankamulipiritsa faindi. Aphunzitsiwa ankalemba ndemanga zawo m'mphepete mwa tsamba, chinthu chomwe Justinian analetsa chija, mpaka cha m'ma 1240 Accursius anasonkhanitsa ndemanga pafupifupi 96,000, tsamba nkumaoneka kachigawo ka mawu a Aroma pakati ndemanga zitazungulira mbali zonse. Iwo ankakhulupirira kuti m'bukumo mulibe kutsutsana, nde akapeza ndime ziwiri zosemphana ankatuluka thukuta kuzigwirizanitsa, ndipo thukuta limenelo ndi limene linaphunzitsa Ulaya kusiyanitsa mlandu uwu ndi uwo. Pambuyo pake anabwera a Bartolus, amene anamwalira mu 1357, iwo anatenga malamulo akalewo nkumayankhira mavuto amene Aroma sanawaonepo, monga lamulo la mzinda uti ligwire ntchito munthu wa ku Bologna akachita malonda ku Modena.

Aliyense ankapezamo chimene akufuna. Mafumu anakonda mawu a Ulpian oti chimene mfumu yakonda chili ndi mphamvu ya lamulo. Pali nthano yoti mfumu Frederick Barbarossa inafunsa maprofesa awiri, Bulgarus ndi Martinus, ngati iyo ili mwini wa dziko lonse, Martinus anati inde nkupatsidwa kavalo, Bulgarus anati mwini wa katundu wa anthu ayi nkubwerera chimanjamanja. Koma otsutsa mafumu anapezamonso kachiganizo koti chokhudza onse chivomerezedwe ndi onse, kamene kwa Justinian kankangonena za anthu angapo olera mwana wamasiye mmodzi, iwo nkukasandutsa mfundo yoitanira misonkhano ya oimira anthu, mpaka mfumu Edward I ya ku England inakatchula poitana nyumba ya malamulo mu 1295. Mpingo nawo unamanga malamulo ake pa maziko omwewo. Zoipa zinabwereranso, kuzunza munthu kuti aulule mlandu kunalowanso m'makhoti a ku Ulaya kudzera m'mabuku omwewa, ngakhale Ulpian yemweyo anachenjeza kuti njira imeneyi ndi yosadalirika komanso yoopsa poti ena amapirira nkunama, ena amanama kuti ululu uthe. Ndipo eni akapolo a zaka zam'tsogolo sanavutike kupeza ndime zowathandiza.

England anayenda njira yake. Makhoti a mfumu kumeneko anakhazikika msanga, nthawi ya Henry II amene analamulira kuyambira 1154, ophunzira a ku Bologna asanachuluke, ndipo maloya ankaphunzira ntchito ku London pafupi ndi makhoti osati ku yunivesite. Mu 1236 ku Merton mabishopu atapempha kuti mwana wobadwa makolo asanakwatirane azitengedwa wovomerezeka makolowo akadzakwatirana, monga ankanenera malamulo a mpingo ndi a Aroma, akuluakulu a dziko anakana, ati sitisintha malamulo a England. Nchifukwa chake ife kuno tili mbali ina. Lamulo la atsamunda la 1902 linabweretsa kuno ku Malawi common law ya ku England, malamulo omangidwa pa zigamulo za majaji, monga inalili pa 11 August 1902, pambali pa malamulo a makolo athu, ndipo Zambia nayo inatengera komweko, tsiku lake ndi 17 August 1911. Sikuti mulibemo Chiroma ayi, majaji a ku England ankabwereka mwakachetechete, ndipo mfundo yoti wonena ndiye abweretse umboni osati wokana inalembedwa ndi Paulus, ili mu Digest. Koma loya wa ku Blantyre kapena Lusaka sanyamula Justinian popita ku khoti, amanyamula zigamulo za majaji akale.

Maiko ena a ku Ulaya anamira m'malamulo a Aroma. Ku Germany khoti lalikulu limene linakhazikitsidwa mu 1495 linkafuna kuti theka la majaji akhale ophunzira malamulo amenewa. Mu 1583 Dionysius Gothofredus anasindikiza mabuku onse a Justinian pamodzi pansi pa dzina loti Corpus Juris Civilis, limene timawadziwa nalo lero. Kenako maiko anayamba kufuna buku lawolawo m'chiyankhulo chawo. France, kumene kumpoto kunali miyambo yambirimbiri kummwera malamulo a Aroma, inatulutsa Code civil mu 1804 pansi pa Napoleon, ndime 2,281, zomveka bwino, koma momwemo munalembedwanso kuti mkazi azimvera mwamuna wake. Germany inakangana zaka zambiri, katswiri wa malamulo Savigny mu 1814 ankati nthawi sinakwane, buku lawo linadzayamba kugwira ntchito pa 1 January 1900. Tsiku limene dziko lalandira buku lakelake, mabuku a Justinian ankasiya kukhala lamulo kumeneko, koma ukatsegula mkati upeza kugula ndi kugulitsa, lendi, ngongole, chikole, chuma chamasiye, zonse zitayalidwa mmene Aroma anaziyalira. Mabukuwa anafalikira ku Latin America, Japan, Turkey, ndi maiko a mu Africa amene ankalamulidwa ndi France, Belgium ndi Portugal. Buku la Portugal la 1966, limene linatengera kwambiri kayalidwe ka ku Germany, linafika ku Mozambique ndipo likugwirabe ntchito ngakhale zigawo zina monga za banja anazisintha, nde abale athu a ku Angonia ndi ku Tete ali pansi pa mdzukulu wa Justinian.

Koma nthambi yodabwitsa kuposa zonse ndi ya ku Holland. Kumeneko akatswiri anasakaniza malamulo a Aroma ndi miyambo yawo, nkutuluka malamulo otchedwa Roman-Dutch. Hugo Grotius analemba buku lofotokoza malamulo a Holland ali m'ndende ya Loevestein, mmene anathawamo mu 1621 atabisala m'bokosi la mabuku mkazi wake atakonza pulani, bukulo nkudzasindikizidwa mu 1631. Johannes Voet analemba ndemanga yaikulu pa Digest imene inatuluka pakati pa 1698 ndi 1704. Jan van Riebeeck wa ku Holland atafika ku Cape mu 1652 malamulo amenewa anabwera nawo, a Britain atalanda Cape mu 1806 anawasiya mmene analili, kwinaku ku Holland kwenikweniko anawataya nthawi ya Napoleon. Nde kwawo anafa koma ku Africa anakhala moyo, osalowa m'buku limodzi ngati ku France, kutanthauza kuti jaji akasowa yankho m'malamulo a nyumba ya malamulo ndi m'zigamulo zakale amabwerera kwa Voet, kwa Grotius, mpaka ku Digest yeniyeniyo. Kuchoka ku Cape anafalikira ku Lesotho, Botswana, Eswatini, Namibia, ndi Zimbabwe kumene maziko ake anali malamulo a ku Cape monga analili pa 10 June 1891, Sri Lanka nayo ili m'gulu lomweli. Munthu wokwera basi ku Blantyre kupita ku Joni amachoka m'dziko la common law pa Mwanza, kulowa m'dziko la buku la Chipwitikizi pa Zobue, pa Nyamapanda walowa m'malamulo a Roman-Dutch ndipo akaoloka pa Beitbridge akadali momwemo.

Izi si za m'kalasi chabe. Mu 2020 khoti la apilo la ku South Africa linagamula mlandu wa bambo wina wa ku Port Elizabeth amene agalu atatu anamuluma akuyenda mumsewu mpaka mkono kudulidwa. Mwini agalu anati si vuto langa, pali munthu wosadziwika amene anathyola maloko nkusiya geti lotsegula. Khoti linati alipire basi, pogwiritsa ntchito actio de pauperie, lamulo lija la chiweto choononga limene linayambira pa magome 12, lakuti mwini chiweto amalipira ngakhale iye sanalakwe kanthu. Malamulo aakulu a dzikolo a 1996 ndi amene ali pamwamba pa zonse tsopano, ndipo zambiri za kayendetsedwe ka milandu ndi makampani anatengera ku England, koma za katundu, mapangano ndi chipepeso mizu yake ndi yomweyi.

Amene amagula magalimoto ogwiritsidwa kale ntchito ku Johannesburg amakumana nazo osadziwa. Ku Roma kunali akuluakulu oyang'anira msika otchedwa aediles, iwo analamula kuti wogulitsa kapolo kapena chiweto anene poyera matenda ndi zilema zake, za kapolo anenenso ngati ali wothawathawa, akabisa wogula anali ndi miyezi 6 yobweza nkulandira ndalama zake kapena chaka chimodzi chofuna kuti mtengo utsitsidwe, ndipo m'mabuku a Justinian lamuloli linafalikira pa malonda ena onse. Ku South Africa njira ziwirizi zilipobe ndi maina ake a Chilatini omwewo, nchifukwa chake ogulitsa amakonda kulemba mawu oti voetstoots pa pepala la malonda, kuti watenga mmene chilili usadzabwerenso. Lamulo loteteza ogula la 2008 linachepetsa mphamvu ya mawu amenewa ukagula kwa dila amene ndi bizinesi yake, limakupatsa miyezi 6 yobweza katundu wolakwika. Koma ukagula kwa munthu wamba amene wangogulitsa galimoto yake imodzi nkusaina pepala lokhala ndi mawu amenewo, giyabokosi ikafa pa Musina chokupulumutsa nchimodzi chokha, uonetse kuti iye ankadziwa vutolo ndipo analibisa dala.